Kasinja wofika m'chifuwa

Mphwanga, mwana wa mchemwali wanga, ali ndi kashopu ku Chibavi komwe amakonza makanema a maukwati ndi zinkhoswe. Chaka chatha achinyamata a kutchalitchi kwawo anamupatsa ntchito yachilendo, yoti akonze kanema wamfupi wokumbukira Amalawi amene anamenya nawo nkhondo yachiwiri ya dziko lonse. Ankafuna kudzamuonetsa mu Novembala, mwezi umene timakumbukira asilikali omwe anatsala kunkhondo. Podziwa kuti ine ndimaphunzitsa mbiri yakale kusekondale, anandiimbira kuti ndikaone ntchitoyo isanafike patali. Munali mu Julayi, kukuwaza kamvula kathu ka kuno ku Mzuzu kamene sikanyowetsa msanga koma kamalowa mpaka m'mafupa. Tinakhala pabenchi limodzi kutsogolo kwa kompyuta, chitseko titachitsekera ndi mpando poopa mphepo.

Kanemayo anayamba bwino ndithu. Mawu a mtsikana wina ankafotokoza za Moyale, tauni ya m'malire a Kenya ndi Ethiopia, kumene kagulu ka asilikali a ku Nyasaland kanalimbana ndi Mataliyana mu Julayi 1940. Mawuwo ali mkati, pasikirini panatulukira chikasinja chachikulu cha mtanda wakuda m'nthiti, mzinga wake wautali ngati pholo la magetsi, chikugwetsa khoma la nyumba.

"Taimika pamenepo," ndinatero.

"Chavuta n'chiyani, amalume?"

"Ameneyo ndi Tiger, kasinja wa Majeremani. Analowa kunkhondo mu 1942, ndipo kum'mawa kwa Africa sanapondeko n'komwe. Iwe ukukamba za 1940, adani ake Mataliyana."

Anandiyang'ana, kenako anayang'ana chithunzicho, chimene ndikudziwa kuti anachisankha chifukwa chochititsa mantha. "Amalume, kasinja ndi kasinja. Ndani adzadziwa?"

Sindinamukalipire. Ndinalibe pakamwa pomukalipira, chifukwa cholakwa chomwechi ndinachichita ine ndili mnyamata, ndipo changa chinavulaza munthu.

Agogo aamuna, bambo a mayi anga, anali a Keyala, monga ankatchulira akuluakulu gulu la King's African Rifles. Kwawo kunali ku Ntcheu, koma miyendo itayamba kuwavuta anabwera kudzakhala nafe kuno, bambo anga ali pantchito m'boma. Sankakonda kukamba za nkhondo. Nkhani zinkatuluka zokha usiku wozizira, tonse titazungulira mbaula, wailesi itatha mabatire. Tsiku lina, ine ndili fomu 2, anafotokoza za ku Somaliya. Anati Mataliyana anabwera ndi tizitsulo toyenda tokha. Anaimirira movutikira, n'kuika chikhatho pachifuwa chawo. "Kamodzi kankafika apa. Kolira ngati chigayo. Mkati muli anthu awiri okha, kutsogolo mfuti ziwiri za chiwaya zogundana. Ukakawombera, chipolopolo chimangolira ngati mwala pa lata."

Ine ndinali nditangoona kumene chithunzi cha kasinja m'buku la kusukulu, chachikulu ngati nyumba, asilikali atakwera pamwamba. Ndiye ndinayankha pamaso pa aliyense: "Agogo, kasinja sakhala wamng'ono choncho. Mwina munaona thalakitala." Alongo anga anaseka. Mayi anandiyang'ana ndi diso lija limene mwana aliyense amalidziwa, koma mawu anali atatuluka kale. Agogo anakhala pansi, anatulutsa kachibekete kawo ka fodya, osanenanso kanthu. Nkhani ya ku Somaliya sanaibwerezenso ine ndilipo mpaka tinawaika m'manda mu 1994.

Panali patapita zaka zambiri chichitikireni zimenezo pamene ndinakumana ndi kakasinja ka agogo. Ndinkafufuza pa intaneti zoti ndikaphunzitse za nkhondo ya Italy ndi Ethiopia ya mu 1935, ndipo ndinapeza nkhani imene katswiri wina wa mbiri ya akasinja analemba mwatsatanetsatane za galimoto ya nkhondo yotchedwa L3/35. Kulemera kwake matani atatu ndi pang'ono. Anthu awiri mkati, woyendetsa ndi wowombera, atakhala mogundana mapewa. Mfuti ziwiri za chiwaya kutsogolo, zoyandikana. Kopanda kansanja kozungulira pamwamba kamene timazolowera kuona pa akasinja. Msinkhu wake pafupifupi mita 1.3. Ndinadzuka pampando, ndinatenga tepi ya akazi anga yoyezera nsalu, n'kuyeza pakhoma la chipinda chochezera. Nditaima pambali pa chizindikirocho, chinafika m'chifuwa. Chilichonse chimene agogo ananena usiku uja chinali m'nkhaniyo, kungochotsapo mamilimita. Ndinakhala pansi nthawi yaitali osayatsa getsi.

Kuchokera pamenepo ndinayamba kulondola. Mu Ogasiti 1940 Mataliyana analowa m'dziko la British Somaliland, ndipo nkhondo yaikulu inachitikira pa mpata wa Tug Argan kuyambira pa 11 mpaka pa 15 mwezi womwewo. Mwa magulu amene Angerezi anali nawo kumeneko munali batalioni yachiwiri ya Keyala, ya ku Nyasaland, pamodzi ndi asilikali a ku Northern Rhodesia, a ku India, a ku Scotland ndi Asomali okwera ngamila. Mataliyana anali ochuluka kangapo, ndipo anabwera ndi timakasinja ta L3 tija komanso akasinja okulirapo otchedwa M11/39. Mbali ya agogo inalibe kasinja ngakhale mmodzi. Zida zoswera akasinja zinali zosowa moti anafika potsitsa kamzinga m'sitima ya nkhondo ya ku Australia yotchedwa Hobart, amalinyero atatu n'kupita nako kutsogolo kuti akayesere. Pamapeto pake Angerezi anabwerera m'mbuyo n'kuthawira m'sitima pa doko la Berbera. Chimene chimandipweteka ndikamawerenga zimenezi n'chakuti ambiri mwa amene ankatchedwa asilikali a Italy anali Aafirika anzathu, a ku Eritrea, Somalia ndi Ethiopia. Mnyamata wa ku Ntcheu ankaloza mfuti mnyamata wa ku Asmara pa mkangano wa ku London ndi ku Rome.

Katswiri amene anayeza kakasinja kaja n'kulemba msinkhu wake sankawadziwa agogo anga. Koma ndi iye amene anawachitira umboni. N'chifukwa chake ndinayamba kufufuza kuti anthu oterewa ndi ndani, ndipo amadya chiyani.

Ntchitoyi ilipo ndithu, ndipo ena aikalambira. Amatchedwa alangizi pa mbiri ya nkhondo, ndipo mwa iwo muli amene anasankha kuzama pa akasinja ndi magalimoto ena ovala zitsulo. Likulu lawo losalembedwa ndi The Tank Museum ku Bovington, m'chigawo cha Dorset ku England, kumene kuli magalimoto a nkhondo pafupifupi 300. Kumeneko n'kumene David Fletcher anagwira ntchito zaka zambiri monga wolemba mbiri, mpaka dzina lake linafika poti ukafunsa za akasinja a Angerezi, aliyense amakulozera kwa iye. Kumenekonso kuli Tiger 131, amene Angerezi analanda ku Tunisia mu Epulo 1943, yekhayo wa mtundu wake amene injini yake ikulirabe mpaka lero. Opanga mafilimu akafuna Tiger weniweni amakagogoda kumeneko, ndipo samangomubwereka ngati wilibala ya aneba. Pamakhala akatswiri oyang'anira chilichonse, kuyambira nthaka imene ayendepo mpaka utali wa nthawi imene injini ilire.

Wina amene ndamuonera kwambiri ndi Nicholas Moran, wobadwira ku Ireland, amene anali ofisala wa akasinja m'gulu la nkhondo la America ndipo anatumikira ku Iraq ndi ku Afghanistan. Analembedwa ntchito ndi kampani ya Wargaming, imene inapanga masewera a pakompyuta a World of Tanks. Tangoganizani, kampani ya masewera kulipira munthu kuti azikhala m'nyumba zosungira zikalata zakale akuwerenga malipoti a m'ma 1940. M'makanema ake amalowa m'kasinja, amakhala pampando wa woyendetsa, wa wowombera, wa wolonga zipolopolo, n'kumafotokoza ngati munthu angatambasule mwendo, ngati akuona kunja, ngati dzanja likufika pa chogwirira. Kenako amayesa kutuluka mofulumira ngati kasinjayo wagwira moto. Poyamba ndinkaziona ngati zosangalatsa chabe. Nditaonera kangapo ndinazindikira kuti kukula kwa kachitseko ka pamwamba ndi kumene kunkagamula ngati mnyamata wa zaka 19 abwerera kwa mayi ake kapena apsera mkati.

Anthu ambiri amaganiza kuti mlangizi wotere ntchito yake ndi kuloweza maina ndi manambala ngati mwana wokonda magalimoto. Manambala alipo, inde, ndipo amalankhula. Majeremani anapanga akasinja a Tiger I okwana 1,347 okha, pamene America inapanga ma Sherman oposa 49,000. Tiger ankalemera matani oposa 50, ankamwa mafuta ngati alibe mwini, ndipo akawonongeka kumukoka kwake kunali nkhondo ina payokha. Munthu akamvetsa zimenezi amasiya kufunsa kuti kasinja woopsa kwambiri anali uti, amayamba kufunsa kuti ndani anali ndi mafuta, masipeya, amakaniko ndi milatho yokwanira. Madalaivala a mathiraki amene amatsika ndi kukwera Chiweta angaimvetse nkhani imeneyi msanga kuposa ophunzira anga ambiri.

Koma ntchito yeniyeni ndi yotsutsa nkhani zimene anthu azikhulupirira kwa zaka zambiri, ndipo apa m'pamene ndimaivulira chipewa. Kwa nthawi yaitali dziko linkauzidwa kuti pa 12 Julayi 1943, pa Prokhorovka ku Russia, akasinja a Soviet Union anaswa akasinja a Majeremani mazanamazana pa tsiku limodzi. Zinali m'mabuku, zinali pa zipilala. Soviet Union itagwa mu 1991, zikalata zinayamba kutseguka. Valeriy Zamulin, Mrasha amene ankagwira ntchito kumalo osungira mbiri a pa Prokhorovka pomwepo, anawerenga malipoti a asilikali a kwawo. Karl-Heinz Frieser anawerenga a Majeremani, amene ankalemba tsiku ndi tsiku kuti akasinja oyenda atsala angati. Mu 2019 Ben Wheatley wa ku Britain anatulutsa zithunzi zimene ndege za Majeremani zinajambula malowo nkhondoyo itangotha, zimene anazipeza zitasungidwa ku America. Zonse zinaloza kumodzi. Asovieti ndi amene anataya akasinja oposa 200, ena atagwera m'ngalande imene anakumba okha kuti itchinge adani, pamene Majeremani anataya ochepa kwambiri. Izi sizinasinthe mfundo yakuti Majeremani analephera nkhondo yonse ya Kursk, imene ya pa Prokhorovka inali mbali yake chabe. Zinangobwezera choonadi kwa anyamata amene anatumizidwa kukafa mothamangitsidwa, imfa yawo n'kuphimbidwa ndi nkhani ya chipambano. Ku Russia ena zinawakwiyitsa kwambiri. Mlangizi amene amaopa kukwiyitsa anthu ntchitoyi sangaithe.

Chitsanzo china ndi cha Sherman, amene ankanyozedwa kuti amayaka msanga chifukwa amayendera petulo. Ofufuza atabwerera ku malipoti a nthawiyo anapeza kuti moto wambiri unkayambira pa zipolopolo za mzinga zimene zinkasungidwa m'mbali mwa kasinja. Mu 1944 anazisamutsira pansi, m'mabokosi ozunguliridwa ndi madzi, ndipo kuyaka kunatsika kwambiri. Nkhani yonse inagona pa funso la kumene katundu amaikidwa.

Pali kanthu kena kakang'ono kamene ophunzira anga amakakonda. Angerezi popanga akasinja oyamba ankabisa chinsinsi ponena kuti akupanga mathanki a madzi, ndipo dzina la Chingerezi loti "tank" linakakamira pomwepo. Anawagwiritsa ntchito koyamba pa 15 Sepitembala 1916 ku France, pa nkhondo ya Somme. Nthawi imeneyo n'kuti makolo athu akusenza katundu wa nkhondo pamutu monga amtengatenga, kuchokera kunyanja kulowera ku Tanganyika, patapita zaka ziwiri chichitikireni nkhondo ya pa Karonga ya mu Sepitembala 1914.

Tsono ndikayang'ana kuno kwathu ku Africa, mtima umandiwawa. Nkhondo za akasinja zachitika pa nthaka yathu, ndipo zina zili ndi maphunziro amene ku Ulaya kulibe. Mu Malichi 1979, anzathu a ku Tanzania, omwewa timagula nawo zitenje ku msika wa Taifa, anakumana ndi akasinja a Libya amene anabwera kudzathandiza Idi Amin pa Lukaya ku Uganda, pamsewu wodutsa m'dambo, ndipo anapambana. Kampala inagwa mwezi wotsatira. Mu Januwale 1987 pa Fada ku Chad, asilikali okwera mapikapu a Toyota onyamula mizinga ya MILAN anaswa akasinja a Libya ambirimbiri m'chipululu. Chaka chomwecho, pa 3 Okutobala, pa mtsinje wa Lomba ku Angola, magalimoto a matayala a South Africa otchedwa Ratel analimbana ndi akasinja a T-55 m'tchire lowirira moti adani ankaonana atayandikana kale. Nkhondo imeneyo inakathera ku Cuito Cuanavale mu 1988, ndipo mpaka lero mbali iliyonse imati inapambana. Mabuku ambiri amene ndawapeza pa nkhani zimenezi analembedwa ndi azungu kapena ndi maofisala akale a South Africa. Sindikuwanyoza, ena analemba mosamala kwambiri. Koma mnyamata wa ku Angola amene anali mkati mwa T-55 uja mawu ake ndimawasowa.

Kuno ku Mzuzu tili ndi dzina la Moyale pakamwa tsiku lililonse. Ukafunsa mwana wa sukulu kuti Moyale n'chiyani, akuuza kuti ndi timu ya mpira, mikango ya ku Kaning'ina, kapena kuti ndi kambi ya asilikali. Ndi ochepa amene amadziwa kuti dzinali linachokera kumalo kumene agogo athu anazingidwa ndi Mataliyana kwa masiku angapo, n'kutuluka usiku mwakachetechete kudutsa pakati pa adani. Operation Bwezani ya mu Disembala 1993, imene asilikali analanda zida za a Payoniya, inayambira m'tauni muno asilikali a ku Moyale ataphedwa, ndipo anthu amene anaona ndi maso akadali moyo, timakwera nawo minibasi. Pa zionetsero za mu 2019 ndinamva ana akukuwa kuti "kasinja, kasinja!" ataona galimoto ya asilikali yovala zitsulo. Inali ya matayala, yonyamula anthu, pamene kasinja weniweni amayenda pa matcheni ndipo amanyamula mzinga waukulu. Sindinawakonze. Ndinangoona m'maso mwawo chidwi chomwe chija chimene kwina chimasanduka ntchito ya moyo wonse.

Mwana wina wa fomu 4 anandifunsapo ngati munthu angadye ndi ntchito imeneyi. Ndinamuuza zoona. Ngakhale kumayiko olemera, amene amalandira malipiro a pamwezi chifukwa cha akasinja okha ndi owerengeka. Ambiri amaphatikiza. Amaphunzitsa, amalemba mabuku, amalangiza opanga mafilimu ndi masewera ntchito ikapezeka, amatsogolera alendo kumalo kumene kunamenyedwa nkhondo, ena amagwira m'makoleji a asilikali. Ena analowa kudzera ku yunivesite, ena kudzera ku usilikali, ena anayamba ngati ongothandiza kupukuta fumbi kumyuziyamu. Onse amafanana pa kuleza mtima ndi mapepala akale, ndiponso pa zilankhulo, chifukwa wofuna kudziwa za Kursk ayenera kuwerenga Chijeremani kapena Chirasha. Kwa Mmalawi ntchito yoteroyo ingakhale yokulirapo kuposa akasinja okha, ingakhale ya mbiri yonse ya asilikali athu, kuyambira ku Somaliland, Abisiniya (Ethiopia), Madagascar, chigwa cha Kabaw ku Burma mu 1944, Malaya, njanji ya Nacala, mpaka ku Congo. Poyambira palipo. Ku Mzuni kuli maphunziro a mbiri yakale ndi a zachitetezo, ngakhale moto wa mu Disembala 2015 unatipsereza laibulale. Ku Salima kuli koleji ya asilikali. Ku Zomba kuli National Archives. Ndipo mwana wa kuno ali ndi chida chimene katswiri wa ku Bovington alibe, chifukwa atha kukhala pamphasa ndi gogo n'kumva Chichewa, Chitumbuka, Chiyao kapena Chitonga popanda womasulira.

M'zaka za m'ma 1970, Melvin Page wa ku America anayenda m'midzi ya dziko lino mothandizidwa ndi ophunzira a ku yunivesite, akufunsa amene anaona nkhondo yoyamba, ija makolo ankaitcha ya chiwaya. Pakadapanda iye, mawu a anthu amenewo akadapita nawo kumanda. Akuluakulu amati mlendo ndiye amadza ndi kalumo kakuthwa, ndipo ndikumuthokoza ndi mtima wonse. Koma a nkhondo yachiwiri atha ife tikuyang'ana, ena m'nyumba zathu zomwe, pafupi ndi mbaula, ndipo ena mwa ife tinawatseka pakamwa ndi buku la fomu 2.

Zonsezi sindinamuuze mphwanga tsiku lija m'kashopu. Ndinangomufotokozera za agogo ndi chikhatho chawo pachifuwa, chifukwa ndi agogo akenso, ngakhale anabadwa iwo atamwalira kale. Anakhala chete, kenako anatsegula intaneti pafoni n'kulemba L3/35. Atakaona anati, "Kameneka? Koma amalume, kakuoneka ngati kachidole."

"Ukanakhala utagona kuseri kwa mwala uli ndi mfuti wamba, iko kakubwera, ukanati kachidole?"

Sanayankhe. Anatenga choko chimene amalembera mitengo pachitseko, anabwereka tepi kwa telala woyandikana naye, n'kuyeza mita 1.3 pakhoma. Anaima pambali pake monga ndinachitira ine. Kenako anabwerera pakompyuta n'kuchotsa Tiger uja. Pa gawo la Moyale anaikapo mapu ndi zithunzi za asilikali a Keyala, ndipo anawonjezera kagawo kena ka Tug Argan komwe kakasinja kaja kanalowa, ndi mawu a agogo amene anandipempha kuti ndiwerenge ndekha. Ndinabwereza katatu chifukwa mawu ankandithawa pa chigayo paja.

Mzere wa choko uja udakalipo pakhoma la kashopu, pakati pa kalendala ndi soketi. Mwezi wathawu mchemwali wanga wamkulu anapeza kabuku ka agogo kotulukira usilikali pansi pa sutikesi ya malemu mayi, masamba ena atadyedwa ndi njenjete koma nambala yawo ikuwerengeka bwino. Tagwirizana ndi mphwanga kuti sukulu zikatsekera tikwera basi ya usiku, tikatsikire ku Zomba. Iye atenga kamera, ine nditenga kabukuko, ndakakulunga kale m'pepala la pulasitiki.